Kinto Itanyowa ku Matanzas

Kodi mungalote chimene chinalira m'malo mwa ng'oma yaing'ono pa gule wa rumba Lamulungu lija mumzinda wa Matanzas?

Masana amenewo mvula inavumba, ndipo chikopa cha kinto, ng'oma yaing'ono imene imayankha mapazi a wovina, chinalefuka ndi chinyezi. Mkulu Eusebio anaiyandikiza pambaula kuti chikungike. Mdzukulu wake Odalis, wa zaka zisanu ndi zinayi, anamukoka malaya.

"Agogo, lero ndiyeseko. Ndikufuna kudzakhala woimba kinto ngati inu."

"Ndi timanja ta chidoleti? Kinto si ya atsikana. Kaombe m'manja ndi amayi ako."

Odalis analowa m'nyumba.

Pabwalo ng'oma ziwiri zazikulu zinayamba, timitengo tiwiri tikugogoda. Barbaro, wonyamula katundu kudoko, analowa pakati kuvina yekha. Anaponda pansi, nadikira yankho. Kinto inali zii.

"Madala, ng'omayo mukuiwotcha kuti tidye?" anakuwira Eusebio.

"Vina iwe. Miyendo yakoyo ngakhale bulu angaikane."

Anthu akuseka, pazenera la Eusebio, kuseri kwa katani, panamveka kulira kouma, kwakuthwa ngati kwa kinto. Barbaro anaponda, kunayankha. Anazungulira, kunamutsata. Kenaka anafuna kupusitsa woimbayo: anakweza phazi, nalisiya m'malere. Woimbayo anadikira, nadikirabe, ndipo anamenya chidendene chitangokhudza pansi.

Eusebio anatchera khutu. Kumenya angaphunzitse aliyense, koma kudikira koteroko iye mwini anakudziwa imvi zitayamba kale. Amayi analeka kuomba m'manja. Barbaro anavina mpaka malaya kumamatira kumsana, osaphonyedwa phazi ngakhale limodzi.

Mkuluyo anaika kinto pansi mosamala, naimirira.

"Kaya ndani ali mmenemo," anatero anthu onse akumva, "ng'oma iyi ndi yake."

"Mwanena nokha, madala," anatero Barbaro akupuma wefuwefu. "Musadzatembenuke."

Eusebio anapita pazenera, nakankha katani. Odalis anali atakhala pabedi, maso ali pampata umene ankaonera mapazi a wovina, zikhatho zitafiira. Ataona agogo ake anaweramitsa mutu, kudikira kukalipidwa. Eusebio anavula chipewa, nayang'ana chimene mwanayo anapana pakati pa mawondo.

Inali dilowa ya kabati ya Eusebio, zovala zake zonse zitakhuthulidwa pansi.