Mchenga Wokana Moto

Zakeyu anali mkamwini kwawo kwa Zelifa, cha ku Kasiya, ndipo akuchikazi anali atatopa naye. Akapitawo a malimidwe ankayendera minda chaka chimenecho kuona ngati anthu aunga mizere, koma munda wa Zakeyu unali tchire lokhalokha. A Goliati, malume ake a Zelifa, ananena mosapsatira kuti mvula ikampeza alibe mizere, banja latha.

Ulesi analibe mwamunayo. Chinamulowa m'mutu ndi mchenga. Ankaupeza m'ngalande za kudambo, m'mene madzi amausiya m'timikwasa takuda: wonyezimira, wofiirira ukauunika padzuwa, wolemera moti dengu losadzaza linkathyola khosi. Bambo ake anali osula a masiku a ng'anjo, choncho Zakeyu sanafunse munthu. Cholemera chotere n'chitsulo basi! Adzasula makasu, mudzi wonse udzamutcha munthu.

Anaumba ng'anjo pachulu, nawotcha makala a muwanga, natuta mchengawo mpaka msana kuuma. Mwambo wa osula anausunganso: anasamukira kumsasa, osayandikira mkazi wake, pakuti ng'anjo imakana anthu ake akapanda kudzisunga. Zelifa ankangopereka chakudya kudzera mwa anthu, mawu ayi.

Moto unalilima, mvukuto inafoola mikono. Ng'anjo itazizira, Zakeyu anaiphwanya, mtima uli phaphapha. Munatuluka phulusa, timiyala topsa, ndi mchenga uja, ukunyezimirabe ngati ukumuseka. Chitsulo ngakhale cha singano munalibe. Mchenga umenewo si utale wa chitsulo, ndipo moto wa makala suusungunula, koma ndani akanamuuza?

Anakhala pansi, wotopa mpaka m'mafupa. Makala anali abwino. Dongo linali labwino. Iye anadzisunga. Kunatsala munthu mmodzi.

Anampeza Zelifa pakhonde akudzola mafuta a nsatsi m'manja.

"Ng'anjo yakana," anatero Zakeyu. "Ine ndinadzisunga. Kodi inu, muno ndili kulibe, mwalowa ndani?"

Zelifa anamuyang'ana, osakwiya n'komwe, kutopa kokha. Kenaka anatambasula zikhatho, matuza ali tuu.

"Mwamuna amene ndakhala naye ndi khasu lanu," anatero. "Mizere ndaunga ndekha. Malume anaiona dzulo, ati mukhale."

Zakeyu anatsegula pakamwa, koma mkaziyo anali asanathe.

"Iwo ati mukhale. Ine ndati muzipita."