Mayi Nester Atchenera Kamera

"Dikira kaye, usayambe kujambula," anatero a Calvin, maso ali pa mayi amene ankatuluka m'nyumba.

Silvesta anachotsa diso pa kamera. Amayi ake, a Nester, anali atavala diresi la buluu lopitira ku tchalitchi, duku loyera, ndi nsapato zimene iye anawagulira pa Khirisimasi. Nkhope inkachita kuwala ndi mafuta.

Anali ku Mbulumbuzi, kwawo kwa Silvesta. Iye anali atatha zaka khumi ndi zinayi ku Blantyre akujambula mafilimu ndi mapulogalamu a pa kanema. Anayamba ndi kunyamula mawaya, koma tsopano anzake ankati chithunzi chake amachizindikira asanaone dzina. A Calvin ndiwo ankatsogolera filimuyi, yonena za alimi a nandolo amene minda yawo inakokoloka ndi madzi, ndipo ntchito zambiri za Silvesta zinkachokera kwa iwo. Atasowa mlimi wocheza naye, Silvesta ndiye anatchula amayi ake.

"Aise, amayi atchena kwambiri," ananong'ona a Calvin. "Amene atituma akufuna aone kuti anthu akuvutika. Ndani angamve chisoni akaona nsapato zimenezo?"

"Koma mundawo unapitadi. Tiyeni tikaujambule."

"Munda sulira, Silvesta. Apemphe avale zina."

A Nester anaseka ali pakhonde. "Ndamva, bwana. Makutuwa sanakokoloke nawo ayi."

Analowa m'nyumba. Potuluka anali opanda nsapato, atavala bulauzi yong'ambika paphewa ndi chitenje chotuwa chimene Silvesta anali asanachionepo. Anakhala pamphasa pamene a Calvin analoza.

Silvesta anaika diso pa kamera. Dzuwa la m'mawa linkawomba cham'mbali, momwe iye amafunira. Ming'alu ya kumapazi inkaoneka bwino, ndi makwinya onse a pankhope. Chinali chithunzi chabwino kuposa zonse zimene anajambula sabata imeneyo, ndipo iye anadziwa zimenezo. Kenako anaona dzanja la amayi ake likukoka nsalu kuti libise phewa. Nsaluyo inatsika, dzanja linakokanso. Maso awo sanali pa kamera. Ankayang'ana kumsewu, kumene amayi anzawo a kwaya anali ataima kuonerera.

Anakumbukira amayi ena amene anawajambula ku Nsanje ndi ku Phalombe, atakhala pamphasa chimodzimodzi. Sanafunsepo kuti iwo anavala chiyani galimoto ya ojambula isanafike.

"Tiyambe, dzuwa likutithawa," anatero a Calvin.

Silvesta anasiya kamera itaima pa miyendo yake itatu nakagwada pafupi ndi mphasa.

"Amayi, zovalazi mwazitenga kuti?"

"M'chisa cha nkhuku," anayankha motsitsa mawu. "Jambula msanga, zikundiyabwa."

"Nanga bwanji mwavomera?"

"Si ntchito yako kodi, mwanawe? Ndikakana ine, ukadya chiyani m'tauni muja? Anzangawo aseka lero, mawa aiwala."

Silvesta anayang'ana kumsewu kuja. Ankadziwa kuti anthu a kwawo saiwala, ndipo filimu ikangooneka pa kanema imakhalapo mpaka kalekale.

"Pitani mukasambe, amayi. Muvale zanu zija."

A Calvin anayandikira nkhope itagwa. "Ukudziwa chimene ukuchita? Ndakutenga iwe chifukwa ndimakukhulupirira. Sindikunamiza munthu ine. Thandizo likabwera lifika kwa anthu omwewa."

"Ndikudziwa, bwana. Munda ndijambula, amayi ndiwajambula, anene zonse zimene zinachitika. Koma avale zimene asankha okha."

"Ojambula alipo ambiri ku Blantyre."

"Alipodi. Ena ndinawaphunzitsa ndine."

Panalibe wokweza mawu. A Calvin anaimba foni kawiri, anauza dalaivala kuti aloze ku Namitambo, ndipo anatsanzika a Nester mwaulemu. Silvesta anatsala pabwalo ndi kamera yake. Tsiku limenelo anathandiza amayi ake kukwirira ngalande imene madzi anasiya pakati pa munda, mawa lake nakwera minibasi yobwerera.

A Calvin sanamuimbirenso. Pofika mwezi wa Okutobala, Silvesta ankajambula maukwati ku Limbe Loweruka lililonse, ntchito imene anaisiya zaka zisanu ndi zitatu zapitazo. Amayi ake atamufunsa pafoni za ntchito, iye anati ikuyenda.

Filimu ija inaoneka pa kanema Lamlungu lina masana. Silvesta anaonera yonse. Amene anaijambula anaigwira bwino ntchito. Munali mayi wina wa ku Namitambo, wopanda nsapato, akufotokoza za munda wake. Filimuyo itatha, Silvesta anakhalabe pampando, akudzifunsa ngati ana a mayiyo nawonso anaonera.