Alamu Anachiritsa Fani

Alamu anga ndi makaniko wabwino, izi sindikana. Galimoto ikamalowa pagalaja pawo amadziwa matenda ake isanazime n'komwe. Amangopendeketsa mutu, kumvetsera pang'ono, n'kuuza mwini wake chimene chafa. Koma khutu lomwelo ndi limene ndili nalo mlandu, ndipo ofuna kundiuza kuti ndiiwale akauze wina.

Bambo athu atamwalira anatisiyira zinthu ziwiri zooneka ndi maso: mpando wopendama ndi nkhuku zawo. Nkhukuzo zinali zosaoneka bwino, khosi lalitali lofiira lopanda nthenga ngati wina wazimeta, koma bambo ankazikonda moti ife ana tinkachita nazo nsanje. Anaziweta kuyambira tisanabadwe, osalola tambala wachilendo kuponda m'khola mwawo. Ngakhale mkamwini wawo, alamu angawa, sankaloledwa kulowamo. Ati makaniko amanunkha dizilo, nkhuku zingasiye kuikira. Akabwera kudzacheza, alamu ankaima kunja kwa waya, manja kumbuyo, kumaonerera ife tikuwaza chakudya.

Pogawana, ine ndinatenga mpando, poti ndimakhala m'kachipinda ka lendi kuseri kwa msika komwe ndimakonza mafoni ndi mawailesi. Mng'ono wanga, mkazi wa alamuwa, amene ali ndi bwalo, anatenga nkhuku.

Chaka chino chitopa chinalowa m'khola muja n'kusesa zonse psiti. Mng'ono wanga anandiimbira foni akulira moti mawu sankamveka. Chotsala chinali mazira a m'kabeseni amene anali atatola matenda asanafike, ndipo panalibe thadzi loti liwafungatire, chifukwa kwa aneba nakonso makola anali zii. Mtundu wonse wa nkhuku za bambo unali m'kabeseni kameneko.

"Pukuta misozi," ndinamuuza. "Thadzi ndikupangira ine."

Ndinapempha firiji yakufa kwa mnzanga wogulitsa zakumwa, ndinamangamo babu loti lizitenthetsa, pansi ndinaikapo mbale ya madzi, m'mbali ndinaboola timabowo. Fani ndinaichotsa m'kompyuta yakale, ndinailumikiza ku batire kuti magetsi akathima isaime. Zonsezi n'zosavuta, aliyense wa manja angathe. Ntchito yeniyeni inali pa liwiro la fani.

Dzira ndi lovuta kulisangalatsa. Limafuna kutentha kwa pansi pa mimba ya thadzi, kosapitirira, kosaperewera, ndi kachinyontho pang'ono. Pomwe fani ya mtundu umenewu ukangoilumikiza ku batire imadziwa zinthu ziwiri basi, kuima kapena kuthamanga ngati yathamangitsidwa ndi galu. Ndiye pakati pa batire ndi fani ndinaikapo kabodi kakang'ono ngati bokosi la machesi, kokhala ndi kaubongo kamene umakalembera malamulo pa laputopu. Kaubongoko kamamva kutentha kudzera pa kasensa kolendewera pakati pa mazira, n'kumayatsa ndi kuzimitsa magetsi a fani mofulumira moti diso silingaone. M'katimo mukatentha, kamayatsa nthawi yaitali n'kuzimitsa pang'ono, fani imathamanga n'kukankhira mpweya wotentha kunja pa timabowo tija. Mukazizira, kamaipatsa magetsi modontheza, fani imayenda mwaulesi, kungotakasa mpweya kuti dzira lililonse lifundidwe mofanana. Ndinalemba, ndinafufuta, ndinayesa ndi choyezera kutentha mpaka maso kufiira. Pomaliza chinthu chija chinkapuma ngati chamoyo.

Firijiyo anaitenga ndi alamu omwewo pa pikapu ya pagalaja. Tinaiimika kunyumba kwawo, m'kachipinda kosungiramo katundu, pakati pa matayala akale ndi njinga ya mwana wawo. Nditayatsa, ndinaona mutu wawo ukupendekera kumanzere, ndipo ndinadziwiratu.

"Mayi Mawaya," anatero, poti ndi mmene amanditchulira akafuna kundiputa, "injini yanuyi ikudwala."

"Ikudwala chiyani?"

"Tamverani. Ikukwera, ikutsika, ikukweranso. Ikutsokomola. Injini yotere pagalaja sitiitulutsa, mwini wake angatitukwane."

"Iyi si injini, alamu. Ikamakwera n'kumatsika ndiye kuti ikugwira ntchito yake. Tsiku limene mudzaimve ikulira mofanana osasintha, mudzandiimbire foni, chifukwa pamenepo ndiye yafa."

Ndinawafotokozera zonse, kaubongo, kasensa, timabowo. Ankagwedeza mutu uku akumwetulira, kumwetulira kuja amachitira kasitomala amene akudziyesa wodziwa galimoto yake. Ndinawauza poyera kuti manja awo a girizi asafike kuseri kwa firiji. Anaseka, naimika manja m'mwamba ngati wagwidwa ndi apolisi. Mng'ono wanga anali kalikiliki kulemba timizere ta pensulo pa mazira kuti azidziwa mbali yotembenuza.

Masabata awiri zinthu zinayenda bwino kwambiri. Ndikapita Lamlungu tinkatseka chitseko, n'kuunika dzira lililonse ndi tochi ya foni. Poyamba tinkaona timitsempha tofiira, kenako kanthu kakuda kakusuntha m'katimo. Mng'ono wanga ankagwira dzira ndi manja awiri, kumalilankhula mmene bambo ankalankhulira ndi nkhuku zawo. Aka kanali koyamba kumuona akuseka chimwalirireni bambo, ndipo ine mtima unkakhala m'malo.

Sabata yomaliza ndi yovuta kuposa onse. Ndinadzaza mbale ya madzi, ndinamuuza masiku oti asiye kutembenuza, ndi kuti akasiya asatsegulenso mpaka atamva anapiye akulira. Sabata imeneyo mphezi inaotcha matchaja ndi mawailesi dera lathu lonse, anthu anali pamzere pa benchi panga pokonzera zinthu, sindinapeze mpata wopitako. Mazira atatsala pang'ono kugogomola ndinaimba foni.

"Zili bwanji kumeneko?"

"Zili bwino, achemwali," anatero mng'ono wanga. Kenako anawonjezera ndi mawu otsika. "Fani ija inasiya kutsokomola."

Ndinasiya foni ya munthu ili chitsegulire pa benchi, ndinakhoma, ndinakwera basi. Ndisanalowe n'komwe pageti ndinaimva. Inkalira fuuu, mawu amodzi osakwera osatsika, ngati makina ometera tsitsi.

Kuseri kwa firiji ndinapeza kabodi kanga katachotsedwa, katakulungidwa bwinobwino m'kapepala kapulasitiki, katapachikidwa pa msomali kuti fumbi lisakagwire. Mawaya a fani anali atalumikizidwa molunjika ku batire. Ndipo malumikizidwe ake, abale inu, anali okongola. Opotedwa mwaluso, owotcherera bwino, tepi yakuda yozungulira mosalala. Chimenechi ndi chimene chinandipsetsa mtima kuposa zonse. Akanachita mwachisawawa bwenzi waya atasomphoka yekha tsiku lomwelo, mng'ono wanga n'kundiimbira. Koma anawononga mwaukatswiri, zoti zikhalitse.

Nditalowetsa dzanja m'firiji, munali mofunda pang'ono chabe, ngati tiyi woiwalika. Mphepo inali itatulutsa kutentha konse pa timabowo tija. Mbale ya madzi inali gwa, youma mpaka kuyera pansi.

"Chichitikireni ndi liti?" ndinafunsa mng'ono wanga.

"Lamlungu lomwe lija, inu mutangopita."

Ndinabwezera kabodi, ndinathira madzi ofunda m'mbale, ndinatseka. Chowotcherera chinandipsereza chala. Kenako ndinalunjika kugalaja.

Alamu ndinawapeza ali pansi pa galimoto, mapazi okha kunja. Atatuluka n'kuona kuti ndine, nkhope yawo inawala.

"Mwaimva, Mayi Mawaya? Tsopano ikuyenda ngati yatsopano. Kanali kabokosi kanu kaja kankaitsamwitsa. Musadandaule, ndakusungirani, sindinataye."

Ankayembekezera kuti ndithokoze. Ndikunena zoona, munthu wamkulu anaima pamaso panga akupukuta manja ndi kansanza, kudikira zikomo. Pakamwa panga sipachedwa ngakhale tsiku labwino, ndiye tsiku limenelo ndinakhuthula zonse. Ndinawafunsa ngati anaonapo thadzi lofungatira mazira pamphepo. Ndinawafunsa ngati ine ndinalowapo pagalaja pawo n'kudula mapaipi a mabuleki poti sindikukonda kalilidwe kake. Ndinawauza kuti dziko lonse si injini, kuti pali zinthu zina zimene kukwera ndi kutsika ndiwo moyo wake, ndi kuti akadzamva mwana wawo akupuma adzayese kumukonzanso kuti azipuma mofanana. Makasitomala anasiya kucheza, wina anachita ngati akuwerenga tayala. Ndinamaliza ndi mawu amene ndinkadziwa kuti alasa. Ndinati bambo ankadziwa chimene ankachita powaimika kunja kwa waya.

Kumwetulira kuja kunatha. Anayang'ana kansanza kali m'manja mwawo.

"Ndimati ndithandize," anatero.

"Ndani anakupemphani?"

Ine ndinachoka ndikumva kuti ndalankhula zoona, ndipo mpaka lero palibe liwu limene ndinganene kuti linali bodza.

Tinadikira. Tsiku logogomola linafika n'kudutsa. Ndinkapita m'mawa uliwonse ndisanatsegule benchi, kukaika khutu pa chitseko cha firiji, koma ndinkangomva fani yanga ikukwera ndi kutsika mwaulemu, ikusamalira zinthu zoti zinatha kale. Mazira angapo anali ndi kabowo kakang'ono pamene mlomo unagogoda kamodzi n'kulephera. Mphepo ija inali itaumitsa kachikopa ka m'kati, kanamatirira anapiye ngati pulasitiki, osatha kutembenuka kuti aswe chigoba.

Titavomereza kuti palibenso chodikira, mng'ono wanga anatulutsa mazira onse n'kuwabwezera m'kabeseni kaja. Ndinamuuza kuti tingokwirira osaona. Anakana. Anakhala pa tayala lakale, anatenga kasupuni, n'kuyamba kuswa limodzilimodzi. M'dzira lililonse munali mwanapiye wathunthu, miyendo, timapiko, maso otseka. Ankamutambasula khosi ndi chala. Lililonse linali lalitali, lopanda nthenga.

"Za bambo zenizeni," anatero.

Ine misozi ikafuna kutuluka imasanduka mkwiyo, ndi mmene ndinabadwira. Ndinayambiranso. Ndinati mwamuna wake ndi wamanja oyabwa, wosamva za munthu wamkazi, woti anadikira ine nditembenuke kuti achite zozembera ngati mbala m'nyumba yake yomwe. Ndinati akanakhala munthu wina akanafunsa kaye, foni ali nayo, mkazi ali naye m'nyumba momwemo.

"Anafunsa," anatero mng'ono wanga, osadzutsa mutu.

"Anafunsa ndani?"

"Ine. Kuseri kwa firijiko n'kwamdima, achemwali. Tochi ndinawagwirira ndine."

Ndinangoti kukamwa yasa.

"Iwe unalipo pamene ndinkafotokoza. Unamva zonse."

"Ndinamva." Anaika kasupuni pansi. "Mutapita anabwera muno, anaima pakhomopo nthawi yaitali akumvetsera. Kenako anati, amayi a mwana, nkhuku za apongozi zifera m'manja mwathu ine ndikumva ndi makutu anga kuti chinthuchi chikudwala. Ndiloleni ndichitepo kanthu. Achemwali, chikwatiraneni sanakhudzepo ngakhale nthenga ya nkhuku zimenezi. Zitabwera kuno ankazipatsabe ulemu ngati bambo ali moyo, chakudya ankagula n'kusiya pakhomo pa khola. Tsiku limenelo anavula ovolosi, anasamba m'manja ndi sopo kawiri kuti fungo la dizilo lichoke, ndipo anandipempha. Ndikanati chiyani? Ndinkadziwa kuti mwina inu ndinu wolondola. Koma ndinaona mmene anasambira m'manja muja, ndinayatsa tochi."

Ndinafuna kumukalipira nayenso. Mawu ndinali nawo. Anali ndi ufulu wanji wotchovera njuga nkhuku za tonse awiri pofuna kusangalatsa mwamuna wake? Koma anali atakhala pa tayala, zala zili noninoni, akulira mopanda phokoso, ndipo mkwiyo wanga unasowa pokhala. Ukadalipo mpaka pano, ndimangouyenda nawo.

Chitseko chinali chotsegula. Nditacheuka ndinaona alamu abwera kuchokera kugalaja, khasu lokumbira dzenje ataliyedzamiritsa kukhoma. Sindikudziwa kuti anafika nthawi yanji kapena anamva zingati. Fani inali ikadayenda m'firiji yopanda kanthu, ikukwera, ikutsika, ndipo mutu wawo sunapendekere.

"Lowani, bambo a mwana," anatero mng'ono wanga. "Bwerani mudzazione."

Alamu anayang'ana kabeseni, kenako anayang'ana ine. Anabweza manja kumbuyo n'kuima pomwepo, kunja kwa chitseko.