Makina a Telala ndi Lisiti la M'chikwama

Makina osokera aja anapezeka, koma mtima wa Telala sunakhale pansi. Patatha masiku anayi chithyolereni kashopu kake, apolisi anawapeza kwa bambo wina wogulitsa katundu wakale, ndipo anamanga munthu amene ankamuganizira kuti ndiye wakubayo. Mayiyu anathamangira kupolisi atanyamula kale nsalu yokakulungira makina ake. Anangowaonera pazenera la chipinda chosungiramo katundu, ali pakati pa njinga zadzimbiri ndi mawailesi, atawamata kapepala ka nambala.

"Amenewa ndi umboni, mayi," anatero wapolisi wa pakauntala. "Satuluka muno mpaka khoti litanena."

"Nanga mlanduwo utha liti?"

Wapolisiyo anangotambasula manja.

Kushopu kunali mulu wa nsalu zodula kale za yunifolomu ya sukulu ina. Aphunzitsi aakulu anali atanena mosapita m'mbali kuti akapanda kuona madiresi ndi makabudula Lachisanu la sabata yamawa, ntchitoyo aipereka kwina, ndipo sidzabwereranso. Ntchito imeneyo ndiyo inkadyetsa ana ake atatu chaka ndi chaka. Kuwonjezera pamenepo, bambo wa katundu wakale uja anaumirira kuti makinawo ndi ake, wakhala nawo zaka zitatu. Telala analibe lisiti. Makinawo anamusiyira ndi malemu amuna ake, ndipo mapepala onse chiswe chinadya kalekale.

Apa m'pamene anatulukira alamu ake, amene anthu ankawatcha Achidziwazonse chifukwa chibadwire sananenepo kuti "sindikudziwa".

"Inu mlamu, ulemu wanuwo ukuphetsani ndi njala," anatero. "Khoti limangofuna pepala basi. Kuseri kwa depoti ya mabasi kuli munthu amalemba malisiti, chidindo ali nacho."

"Koma si bodza limenelo, alamu?"

"Bodza lake liti? Makinawo si anu?"

Mawa lake alamuwo anabwera nalo lisitilo. Linali pepala lachikasu, chidindo chobiriwira, malembo opendekera kumanzere. Telala analilandira, n'kulipinda kanayi, n'kuliika m'chikwama.

Pakhonde la khoti panali katebulo ka mlangizi wa zamalamulo, mayi wamagalasi amene ankathandiza anthu mwaulere. Telala anamufotokozera zonse, kupatulapo za pepala lija.

"Palibe chifukwa chodikira kuti mlandu uthe," anatero mlangiziyo. "Tilembe kalata, tipite nayo kwa woimira boma pamlanduwu, iye akapempha khoti. Khoti likakhutira kuti katundu ndi wanu, lingathe kulamula kuti amujambule zithunzi, alembe zizindikiro zake, kenako akubwezereni."

"Nanga ngati lisiti palibe?"

"Mukanene kuti palibe. Mwini chinthu amadziwa zimene wina sangadziwe. Koma za pepala labodza musayerekeze, mayi anga. Mudzalowa muno ngati wodandaula, n'kutuluka pagalimoto ya apolisi."

Telala anafinya chikwama chake m'khwapa, n'kumupempha kuti alembe kalatayo.

Lachiwiri m'mawa makina anawaika patebulo, patsogolo pa woweruza. Woyamba kuyankhula anali bambo wa katundu wakale uja, atavala jekete, mawu ali gwa. Anapisa m'thumba n'kupereka lisiti kwa kalaliki. Pepalalo linadutsa pafupi ndi Telala, ndipo iye analiona bwinobwino. Linali lachikasu, chidindo chobiriwira, malembo opendekera kumanzere. Linali lofanana ndendende ndi la m'chikwama mwake.

"Nanga inu mayi, muli ndi lisiti?" anafunsa woweruza.

Pabenchi lakumbuyo alamu anatsokomola kawiri, kumukumbutsa. Dzanja la Telala linafika pazipi ya chikwama. Anaganiza za mulu wa nsalu uja ndi za Lachisanu. Mnzakeyo anali ndi pepala, iye akanena kuti alibe ndani amumvere? Kenako anachotsa dzanja pazipipo.

"Ndilibe, bwana."

"Ndiye khoti lidziwa bwanji kuti ndi anu?"

"Bwana, afunseni bambowa kuti mukapendeketsa mutu wa makinawa, kunsi kwake kuli chiyani."

Bamboyo anaseka pang'ono. "Kuli zitsulo ndi mafuta, ngati makina ena onse."

"Kuli kachidutswa ka lamba wofiira wa patapata," anatero Telala. "Ndinakamanga ndi waya pasikuluu ya kumanzere. Sikuluuyo inatha mano, ndiye ikamasuka makina amadula ulusi. Patapatayo anali wa mwana wanga wamng'ono, ndipo winayo alipo kunyumba."

Kalaliki anapendeketsa mutu wa makinawo. Anasuzumira, n'kuloza ndi cholembera. Kalamba kofiira kanali pomwepo, kakuda ndi mafuta.

Woimira boma anaimirira atagwira lisiti la bambo uja. Anati chidindo chimenecho wachiona kachitatu mwezi womwewo, ndipo sitolo yolembedwa pamenepo kulibe. Woweruza analamula kuti apolisi amusunge bamboyo kuti akafotokoze za pepalalo. Telala anaona unyolo ukutsekedwa pamikono ya jekete lija. Anachita mantha kuposa tsiku limene anapeza chitseko cha shopu chitathyoledwa.

"Makina ajambulidwe, nambala yake ilembedwe, abwezedwe kwa mayiwa lero," anatero woweruza. "Koma mayi, musawagulitse, musawapake penti, kalamba kanuko musakachotse. Tsiku limene khoti lidzawafune, mudzabwere nawo."

Atasayina mapepala, Telala anapeza alamu ake akudikira pageti, akupukuta thukuta.

"Ine ndimadziwa kuti zitha chonchi," anayamba motero.

Telala anatsegula chikwama, n'kutulutsa pepala lachikasu lija, n'kuling'amba tizidutswatizidutswa, n'kuwaika m'manja.

"Katundu wanu uyu, alamu. Mukanandiphikira chiyani pobwera kudzandiona kundende?"

Achidziwazonse anatsanulira tizidutswato m'thumba msangamsanga.

"Gwirani mbali iyo tinyamule," anatero Telala. "Ndili ndi masiku atatu okha, ndipo mabatani onse musokerera ndinu."

Phunziro: Katundu wako akagwidwa ngati umboni, sikuti watayika. Funsa odziwa malamulo, pempha kudzera kukhoti, ndipo nena zoona zokhazokha ngakhale ulibe lisiti. Sunga nambala ndi zizindikiro za katundu wako zinthu zisanavute. Pepala labodza lingakulowetse m'ndende chifukwa cha chinthu chako chomwe.