Lonjezo la pa Fakitale ya Sopo

Mayi Mneneri anali akuyankha funso lomaliza la atolankhani pamene anaona amuna ake akulowa pa khomo lakumbuyo kwa holo, makiyi a galimoto ali m'manja. Anawalozera mpando wakumapeto ndi maso. Iwo anamwetulira n'kukhala.

Ntchito yake inali yolankhulira kampani yopanga sopo. Anayamba ali mtsikana, akulemba timauthenga ta malonda ta pa wailesi, mpaka anakwera n'kukhala mneneri wa kampani yonse. Zaka zimene amuna ake anali phungu, anthu ankanong'onezana kuti mpandowo unabwera ndi ndale. Koma bambowo atagwa pa chisankho, mpando wa mkazi wawo sunagwedezeke. Chimene chinasintha n'chakuti iwowo analibenso kopita. Anthu ankawatchulabe kuti Olemekezeka, koma foni yawo inasiya kulira. Ndiye anadzipatsa ntchito yokamusiya mkazi wawo m'mawa ndi kukamutenga madzulo.

Tsikulo kampani inkaonetsa sopo watsopano, ndipo zonse zinayenda bwino. Atolankhani akulongedza zida zawo, mmodzi wa kachipewa kofiira anatembenuka.

"Aa, Olemekezeka! Kusowa kumeneku? Timayesa munasamuka."

"Tilipo, mwana wanga. Masiku ano ndine dalaivala wa amayiwa."

"Dalaivala ndi amene amadziwa zonse za bwana. Tatipatseniko mawu awiri okha."

Mayi Mneneri anali kutsogolo, akujambulitsa ndi Bwana Wamkulu, sopo ali m'manja. Sakanatha kuchokapo. Anangoona amuna ake akuimirira n'kumanga batani la jekete. Madzi saiwala khwawa. Mawu awiri aja anabala ana ndi zidzukulu. Pamene ankawapeza, anangomva zakumapeto.

"Kampani ikamakula chonchi, ndiye kuti achinyamata athu apeza ntchito. Akonzeke! Zitseko zikutseguka!"

Ali m'galimoto anafunsa mofatsa. "Bambo, atolankhani aja mwawauza zotani?"

"Zolimbikitsa basi. Ndakutsatsirani malonda mwaulere."

"Zaulerezo ndi zimene zikundiopsa."

M'mawa mwake msewu wopita ku fakitale unali wodzaza. Anyamata ndi atsikana anali atandanda m'mbali mwa mpanda mpaka kukakhota pa kona. Ena anavala mataye obwereka, ena anadziphimba kumutu ndi maenvulopu a mapepala awo a sukulu pothawa dzuwa. Wailesi inali italengeza kuti amuna a mneneri aulula zoti kampani ya sopo ikulemba anthu ntchito.

Olemekezeka anachepetsa liwiro. Dzanja lawo linali litayamba kale kutuluka pa windo kuti libayibitse.

"Tsekani windolo," anatero mkazi wawo.

Bwana Wamkulu anali munthu wosakweza mawu. Analandira Mayi Mneneri mu ofesi akutakasa tiyi.

"Khalani pansi, mayi. Tandikumbutsani, malo a ntchito alipo angati pano?"

"Palibe ndi amodzi omwe, bwana."

"Chabwino. Ndimayesa mwina mwatsegula fakitale ina kunyumba kwanu." Anamwako tiyi pang'ono. "Loya wathu akuti tilengeze kuti munthu amene analankhula dzuloyo sitimudziwa. Ndikudziwa kuti mbalame ikatera pa uta siilasika. Ngati zikukulemerani, wachiwiri wanu akhoza kukalankhula. Koma akalankhula lero, eni kampani andifunsa chifukwa chake asamalankhule masiku onse."

Mayi Mneneri anayang'ana pa windo. Mzere uja unkaoneka bwinobwino kuchokera pamwambapo, ndipo unali ukutalikabe.

"Ndipita ndekha," anatero. "Koma sindikanena kuti sindiwadziwa. Ndawachapira malaya zaka zonsezi ndi sopo wathu yemweyu."

Bwana Wamkulu anaseka chamumtima, mapewa okha akugwedezeka. "Kaneneni m'mene mukudziwira. Bola geti langa lioneke pofika masana."

Anatenga chimkuzamawu n'kutsika. Podutsa poimika magalimoto anapeza amuna ake atatuluka, akumudikira.

"Mayi, ndipatseni chimenecho. Gulu ngati ili ine ndimalidziwa. Ndiwauza kuti apirire pang'ono, zinthu zikukonzedwa."

"Akukonza ndani?"

Iwo anabweza dzanja limene ankati alandirire chimkuzamawu.

"Mwaona? Mukawauza zimenezo, mawa abwera ndi azibale awo. Lowani m'galimoto, bambo. Iyi ndi ntchito yanga."

Mayi Mneneri anali asanawalankhulepo choncho chikwatiranireni. Pa misonkhano ya ndale iye ndi amene ankakhala kumbuyo, akuomba m'manja pa nthawi yake. Bambowo anamuyang'ana kanthawi, kenako analowa n'kutseka chitseko pang'onopang'ono.

Mlonda anamutsegulira kageti kakang'ono n'kumubwereka mpando wake woti aimepo. Phokoso linatsika.

"Ana anga, mwadzuka bwanji? Ine ndine mneneri wa kampani ino, ndipo ndabwera ndi mawu osakoma. Pano palibe ntchito. Lero palibe, mwezi wamawa palibe. Malo akadzapezeka mudzamva kuchokera kwa ine."

Anthu anang'ung'udza ngati njuchi. Mtsikana wina wa bulauzi yoyera, amene anali kutsogolo kwenikweni, anakweza dzanja ngati m'kalasi.

"Amayi, ine ndachokera kutali. Mwana ndamusiya kwa aneba. Kodi amene ananena zija si amuna anu?"

Mtolankhani wa kachipewa kofiira uja anali atafika kale, ndipo anasendeza maikolofoni yake pafupi. Mayi Mneneri ankadziwa njira zambiri zozembera funso lotere. Ndi zimene ankaphunzitsa anzake mu ofesi. Koma mtsikanayo ankamuyang'ana m'maso.

"Ndi amuna anga, ndipo madzulo ano ndibwerera nawo kunyumba. Koma pa kampani pano sagwirapo ntchito. Ananena zimene amalakalaka, osati zimene akuzidziwa. Mwavutika chifukwa cha mawu ochokera m'nyumba mwanga. Pepani."

"Andale onse n'chimodzimodzi!" wina anakuwa chakumbuyo.

"Mukawamane chakudya lero!" anatero winanso, ndipo ena anaseka.

Anatsika pa mpando paja koma sanabwerere mkati. Anaima pa dzuwa pomwepo, akuyankha aliyense amene anabwera ndi funso. Ena ankafuna kusiya maenvulopu awo, iye n'kumakana, chifukwa kulandira kukanakhala lonjezo lina. Mzere unayamba kuduka, anthu akumwazikana awiriawiri. Mtsikana wa bulauzi yoyera uja sanaseke nawo ndipo sanatsanzike. Anavula nsapato zake zazitali zimene zinkamuluma, n'kuzinyamula m'manja, n'kumapita osacheuka.

Pofika masana geti linali poyera. Bwana Wamkulu anakumana naye pa masitepe, anangogwedeza mutu n'kudutsa. Kwa munthu ameneyo, chimenecho chinali chiyamiko chachikulu.

Madzulo anapeza galimoto ili pamalo pomwe inaima m'mawa. Amuna ake sanachokepo tsiku lonse. Jekete anali atavula n'kuliponya ku mpando wakumbuyo. Ananyamuka wailesi ili yozima. Mayi Mneneri ankayembekezera mkwiyo, ndipo mayankho anali atawakonza kale m'mutu.

Ataima pa maloboti, bambowo analankhula akuyang'ana kutsogolo.

"Mtsikana uja wa nsapato m'manja ndinamuona. Anadutsa m'mbali mwa mpanda, pafupi ndi galimoto."

"Ee."

"Sanandizindikire n'komwe. Zaka zonse zija ine sindinauzepo gulu la anthu kuti ayi. Ndinkayesa munthu ukatero amakugenda."

"Inenso ndimaopa zomwezo pa mpando paja."

"Sizimaoneka."

Maloboti anasintha, galimoto inayenda. Anadutsa masitolo akutseka, ana a sukulu akuthamangira mabasi.

"Kuyambira mawa ndizikusiyani pa kona paja, pa sitolo ya mankhwala," anatero bambowo. "Kotsalako muziyenda pansi."

"Ndi pafupi," anavomera. Koma chifundo chinamugwira. Ankadziwa kuti macheza a pa geti ndi alonda, ndi moni wa anthu omwe ankawatchulabe ulemu wawo wakale, ndi zokhazo zimene zinawatsalira pa tsiku. "Nanga inu muzipita kuti mukandisiya?"

"Ndiona. Mwina ndiyambe ndi mpopi wa kubafa uja ndinati ndikonza chaka chatha. Ndikukulonjezani, mayi, sabata ino isanathe..."

"Musalonjeze, bambo," anawadula mawu, akuvula nsapato n'kutambasula miyendo. "Sitolo ya zitsulo ndi iyo apo, sinatseke. Imani mugule sipanala."

Olemekezeka anayatsa indiketa, n'kukhotera kumanzere.