Dzino la Alamu

Phoolwati anamenya alamu ake ndi chidebe cha mkaka Lachiwiri m'mawa, ndipo chomwe chinamuwawa mtima n'chakuti mkakawo unatayika. Phulusa la mwamuna wake linali lisanathe miyezi itatu mumtsinje wa Ganga pamene Dharampal, mkulu wa malemuyo, anabwera ndi chingwe kudzamasula njati ziwiri zamkaka, ati akazisunge bwino. Anabwerera chimanjamanja, pakamwa patatupa, n'kulunjika kupolisi.

Apolisi anati adzamutenga mayiyo Lolemba. Phoolwati sanaope chitokosi ayi. Ankadziwa kuti akangomutsekera, ngakhale masiku atatu, pobwera adzapeza loko wachilendo pachitseko ndi khola la ndowe zokhazokha.

Loya wake, bambo Sehrawat, wamimba ngati mtsuko, anamufotokozera kwinaku akupemerera tiyi.

"Mayi, tipempha belo musanamangidwe. Jaji amaona ngati munapalamulapo kale, ngati mungathawe..."

"Ndithawe ndi njati ziwiri pabasi?"

"Vuto ndi dzino. Chotupa si kanthu, koma dzino likaguluka lamulo limati mwavulaza koopsa. Ndiye inu mukangophimba nkhope ndi mpango monga mwa mwambo, pakamwa tseke. Zolankhula ndi zanga."

Kukhoti kunali fungo la thukuta ndi mapepala akale. Jaji anali mayi wamagalasi, wooneka kuti mabodza a tsikulo amukwana kale. Dharampal anakhala kumbuyo atagwira nsalu pakamwa, akubuula ngati wobereka. Woimira boma anati dzino lakutsogolo lachoka, choncho mayiyu amangidwe.

Sehrawat anadzuka. "Olemekezeka, taonani mayi wamasiyeyu. Mwambo sumulola ngakhale kuyang'ana mkulu wa mwamuna wake kumaso. Angamumenye bwanji?"

Phoolwati anapirira zambiri pa moyo wake, koma kumusandutsa nkhuku yonyowa pamaso pa Dharampal anakana. Anakankhira mpango kumbuyo.

"Kumenya ndinamenya, mayi jaji. Sindinaphonye."

Sehrawat anakhala pansi pang'onopang'ono ngati tayala lophwa.

"Koma dzinolo si lawo," anapitiriza Phoolwati.

"Ndi la ndani?" anafunsa jaji.

"La uja amagulitsa mano pansi pa mtengo kudepoti. Lawo lenileni linatsala mu nzimbe, mwana wanga woyamba akukwawa. Ili amalichotsa pakudya n'kuliika m'thumba la malaya. Paukwati wina linagwera mu ndiwo, tinalivuula ndi chipande."

Wina anaseka kumbuyo, n'kusandutsa chifuwa. Jaji anawerenganso kalata ya dokotala amene anapima Dharampal, chala chikuyenda pamzere.

"Apa alemba kuti nkhama zilibe bala, ngakhale magazi. Bambo, chotsani nsaluyo."

Dharampal anachotsa. Mpata unalipodi, wosalala, wakalekale.

"Linali lokwera mtengo, olemekezeka," anatero.

Jaji analemba osamuyang'ana. Anati apolisi akabwera kudzamanga Phoolwati amumasule pomwepo pa belo, iye azipita akamuitana kukafunsidwa, ndipo asayandikire wodandaula.

"Nanga wodandaulayo akandiyandikira?" anafunsa Phoolwati. "Kuyambira Lachitatu aika bedi lawo lazingwe pakhomo pa khola langa. Ndizikama njati ndili kutsidya kwa msewu?"

Sehrawat anamukoka mpango kuti akhale chete. Iye anamuphumitsa dzanja.

"Bambo, nyumba mulibe?" anafunsa jaji.

"Ndimalondera chuma cha mng'ono wanga, olemekezeka."

Jaji anafufuta mzere wosayandikira uja. M'malo mwake analemba kuti dandauloli likuoneka kuti cholinga chake n'kuchotsa mayiyu pakhomo pake, ndipo anawerenga mokweza kuti Dharampal amve.

Phoolwati anakwera basi ya masana. Dharampal anakwera yomweyo, popeza ina kunalibe, n'kukhala kutsogolo osacheuka. Atafika kumudzi anasenza bedi lake pamutu, ana asukulu akumuperekeza. Phoolwati anaima pakhomo mpaka bedilo litakhota pakona, kenako analowa m'khola, chifukwa njati zinali zitayamba kulira mabere atadzaza.