Kamera ya Bambo Inkatsimphina

"Amenewa si bambo ako," anatero mayi anga, atasendeza mpando pafupi ndi kompyuta.

Mtima unandiwawa. Bambo ankajambula mavidiyo a maukwati, ndipo atamwalira m'pamene tinazindikira kuti tilibe chithunzi chawo ngakhale chimodzi. Wogwira kamera amamujambula ndani? Nkhope yawo itayamba kufufutika m'mutu mwanga, ndinayenda khomo ndi khomo kupempha matepi akale kwa mabanja omwe anawajambula. Ena anandipatsa. Ena maukwati anatha kalekale, matepi anawataya kudzala.

Ndinkadzitsekera ndekha m'chipinda, makatani otseka, kuonera anthu osawadziwa akuvina. Ndinkadula tizidutswa tomwe bambo analowamo mwangozi: chala pakona, mthunzi pakhoma la tchalitchi, kutsokomola, nsapato zawo tsiku lomwe anaiwala kuzimitsa kamera. Pagalasi la galimoto ya akwati anaonekera, koma kamera itaphimba nkhope. Zonsezo ndinazilumikiza kukhala kafilimu kakafupi. Zithunzi zake zinkagwedera kwambiri, ndiye ndinaziwongola ndi kompyuta mpaka zinayamba kuyenda myaa.

"Si iwo bwanji, amayi? Mthunziwo simukuuona?"

"Mthunzi aliyense ali nawo. Amene akujambula apayu ndi mlendo."

"Matepi ake ndi omwewo. Ine ndangochotsa kugwedera basi."

Mayi anandiyang'ana ngati ndawathirira mchere m'tiyi.

"Wachotsa chiyani? Iwenso mwana iwe. Tabwezera mmene zinalili."

Ndinatsegula tepi yosakonza uku ndikung'ung'udza. Akwati ankatuluka m'tchalitchi, kamera ikuwalondola. Chithunzi chinapendekera kumanzere, n'kudzuka, n'kupendekeranso. Ndinasiya kung'ung'udza. Bambo ankatsimphina mwendo wamanzere, ndipo ine amene ndinkawasakasaka ndinatha dzinja lonse ndikuwafufuta ndi manja angawa.

"Ndi awotu," mayi ananong'ona. "Ankabwera choncho pamsewu, ine ndikuwaonera pawindo."

Nkhope ija sindinaipeze mpaka lero, ndipo ndimaisowa. Koma masana amenewo sindinazimitse kompyuta. Tepi inangopitirira, ukwati wa anthu omwe tonse sitinkawadziwa. Ine ndinasiya kuyang'ana kompyuta, ndinkayang'ana mayi. Manja anali pamaondo, mutu wawo ukupendekera kumanzere, n'kudzuka, n'kupendekeranso.